Moni wa Akazi Anga pa Kanema wa Mfalansa

Mfalansayo anabwera chaka chimene anayamba kusamutsa anthu m'nyumba zosanja za ku Sighthill, mumzinda wa Glasgow ku Scotland. Ine ndi akazi anga tinkakhala m'mwamba kwambiri. Mphepo ikawomba, nyumba yonse inkalira ngati botolo lopanda kanthu. A khonsolo anali atatiuza kale kuti adzaigwetsa, koma tsiku lake sanatiuze.

Mfalansayo anagogoda masana. Munthu wamtali, waimvi, jekete lakuda lothaitha m'zigongono. Anati amajambula kanema wa anthu enieni, osati wa zisudzo, ndipo akufuna kumakhala m'makomo angapo mpaka eni ake atasamuka. Chizungu changa n'cha ku pulaimale. Chake chinali chothyokathyoka. Tinamvana bwino.

Ndinamufunsa mafunso amene adzatifunse, kuti ndikonzekere.

"Sindifunsa kanthu," anatero. "Ndimangokhala."

"Kungokhala ndi ntchito?"

"Ndiyo ntchito yanga yonse."

Ndinavomera. Ndinkafuna kuti anthu aone kuti nyumba ya Mmalawi ndi yaukhondo, ndi kuti mashelefu a pabalaza ndinakhoma ndekha, pakuti ukalipentala ndinauyamba ndili ku Ndirande. Koma m'nyumbamo munali chinthu chimodzi chimene sindinkafuna kuti wina aliyense achione.

Akazi anga anali atayamba kuiwala. Poyamba zinali za mchere, kuthira kawiri m'ndiwo. Kenako makiyi ndinawapeza m'firiji. Kenako tsiku lina anandifunsa ngati amayi awo afika kuchokera ku Ntcheu, chonsecho amayiwo tinawaika m'manda tisanakwere ndege yobwera kuno. Wodziwa ndinali ndekha. Mwana wathu wamkazi ndi namwino, ndipo nthawi imeneyo ankagwira ntchito kunyumba yosungirako okalamba. Ndinafikako kamodzi kukamusiyira ambulera. Ndinaona nkhalamba zitandanda pamipando, zonse kulozetsa nkhope ku wailesi ya kanema imene palibe ankaionera. Wina ankaitana dzina la munthu mosalekeza, osayankhidwa. Ndinatuluka nditalumbira kuti akazi anga sadzalowa m'menemo ine ndili moyo. Mwanayo ankabwera kwathu Lamlungu lokha, tikachoka kutchalitchi, ndipo Lamlungu mayi ake ankaoneka bwinobwino, chifukwa nyimbo zonse ankazidziwa pamtima. Za masiku enawo ndinkaphimba ine.

Mfalansayo anali ndi malamulo ake. Tisayang'ane kamera. Tisavale zapadera. Tisasese chifukwa cha iye. Ndipo akamajambula sadya, samwa, salankhula. Lomalizali linandikwiyitsa. Mlendo wokana chakudya m'nyumba mwanga ndimamuyesa mdani. Tinapangana kuti akazimitsa kamera azimwa tiyi, afune asafune.

Pa tiyi pomwepo ndi pamene ndinamva za moyo wake, pang'onopang'ono, chifukwa naye sanali wolongolola. Ali mnyamata ankanyamulira maikolofoni atolankhani a wailesi ya kanema kwawo ku France. Ankafika pamudzi m'mawa, kufunsa anthu mafunso, n'kuchoka dzuwa lisanapendeke. Anati iye, pokhala wovala zomvera m'makutu, ankamva zimene anthu ankanena mtolankhani akatembenuka, ndipo zinkasiyana ndi zimene anayankha. Anasiya ntchitoyo. Anagula kamera yakale n'kupita kwa anthu ofukula mchere m'mbali mwa nyanja, nakhala nawo mpaka anamuiwala. Atachoka uko anakajambula amayi ochapa nsalu za chipatala. Kenako siteshoni yaing'ono ya sitima kumapiri, chaka chimene inkatsekedwa. Kanema mmodzi ankamudyera zaka. Sankaikamo nyimbo, kapena mawu a munthu wofotokoza.

"Nanga oonera adziwa bwanji chimene akuona?" ndinafunsa.

"Ali ndi maso."

"Ndipo anthu sakunamizani? Munthu akaona kamera amasanduka mngelo."

"Amasanduka, koma amatopa. Ine ndimadikira kuti atope."

Zimenezo ndinazimvetsa. Thabwa laliwisi lililonse limaoneka lowongoka. Lisiye liume, lidzakuonetsa kumene lapindikira. Ndinamvetsa, ndipo tiyi anandiwawa m'kamwa.

Kamera ankaiimika pakona ya pabalaza, pamiyendo yake itatu, kuloza kukhomo la kukhitchini. Iye ankakhala pakampando kafupi, manja pamaondo. Sankayendetsa kamera kutsatira munthu. Munthu akatuluka, kamera inkangoyang'ana khomo lopanda munthu mpaka abwerere. Kanyali kofiira kankayaka pamwamba pake. Masiku oyamba ndinkakhala chowongoka, Baibulo m'manja. Pambuyo pake ndinkapezeka ndagona pampando kukamwa kuli yasa.

Kwathu mlendo akafika timamulandira, akhale pansi, apume. Ndiyeno mayi wa pakhomo amabwera, n'kugwada, n'kupereka dzanja lamanja, lamanzere litagwira pamkono. Amafunsa za moyo, za ulendo, za amene atsala kunyumba. Zimachitika kamodzi. Akapatsidwa moni, mlendo ndi wa m'nyumba.

Akazi anga anachita chimodzimodzi. Anagwada pakapeti patsogolo pa Mfalansayo.

"Muli bwanji, bambo? Mwayenda bwanji? Kunyumba mwawasiya ali bwanji?"

Iye anaphwanya lamulo lake n'kupereka dzanja. Akazi anga ananyamuka kupita kukhitchini. Ndinamva madzi akulowa m'ketulo. Atatuluka anaima pakhomo, nkhope n'kuwala.

"Aa, bambo, bwanji osandiuza kuti kwabwera alendo?"

Anagwadanso. Mawu omwe aja, dzanja lomwe lija. Kanyali kofiira kanali chiyakire.

Tsiku limenelo anachita zimenezi kangapo. Ine maso pa Baibulo, osaona chilembo n'chimodzi chomwe. Atazimitsa kamera, Mfalansayo anagwira kapu ndi manja awiri, n'kufunsa funso lokhalo limene anandifunsapo m'nyumba imeneyo.

"Moni uja, amabwereza chifukwa chiyani?"

"Ndi mwambo wathu," ndinatero. "Mayi akalowa m'chipinda mmene muli mlendo wamwamuna, amapereka moni. Nthawi iliyonse."

Anagwedeza mutu. Anati n'zokongola. Ndinamuphunzitsa kuyankha kuti "Ndili bwino, kaya inu, mayi," ndipo ankayankha motsitsa mawu, lilime likumulemera. Akazi anga ankaseka nthawi iliyonse, kudabwa kuti mzungu akudziwa Chichewa. Ndinaganiza kuti ndatseka dzenje.

Nyumba inkapitirira kupululuka. Banja likasamuka, anyamata a khonsolo ankabwera n'kukhoma chitseko chachitsulo pamwamba pa chathabwa. Anayamba a ku Congo a moyang'anana nafe, kenako mayi wa ku Iraq amene ankatipatsa buledi wophwatalala, kenako nkhalamba ya ku Scotland konkuno imene inkatukwana aliyense m'chikepe koma n'kumugwirira chitseko. M'khonde lathu la pakati pa makomo munatsala nyali imodzi yoyaka. Chikepe chinkafa kawirikawiri, ndipo m'masitepe munkanunkha nkhunda zakufa. Kuchokera pawindo tinkaona chimakina cha khosi lalitali chikudya nyumba ina ya mbali ya kumpoto, kuluma khoma n'kulavula fumbi. Mkati mwa zipinda za anthu munkaonekera poyera, khoma lobiriwira apa, lofiira apo. Mfalansayo ankajambula zimenezo nthawi yaitali osasuntha. Akazi anga ankaima pambali pake n'kumafunsa kuti eni ake apita kuti.

Tsiku lina ndinali kubafa. Nditatuluka, pabalaza panalibe munthu, chitseko chili pululu. Ndinawapeza m'khonde. Akazi anga anali pachitseko chachitsulo cha a ku Congo aja, mbale ya mandasi m'manja, akuomba chitsulocho ndi chikhatho.

"Odi kuno! Odi! Kodi mwagona masanasana?"

Mfalansayo anali chapatali, kamera paphewa. Sanawathandize, sanawaletse. Ankangoyang'ana.

"Zimitsani!" ndinakuwa.

Anazimitsa pomwepo. Ndinawagwira akazi anga pamkono n'kuwalowetsa. Anandiuza kuti anthu a masiku ano alibe ulemu, munthu akuodira iwo ali phee.

Nditabwerera m'khonde ndinamuuza kuti munthu woona mayi wachikulire akuvutika n'kumangojambula ndi wopanda umunthu.

"Mwina," anatero. "Ena anandiuzapo zimenezo. Ndikamaliza kulumikiza kanemayu ndidzakuonetsani inu poyamba. Chimene mudzati ndichotse ndidzachotsa."

Anasunga mawu ake. Patapita miyezi, ife titasamutsidwa kale kupita ku Dennistoun, m'nyumba ya masitepe amwala, anabwera ndi kompyuta yake. Akazi anga anali atagona. Tinaonera tili awiri.

Munali mabanja anayi kapena asanu, koma iye anamanga kanema yense pa moni wa akazi anga. Chitseko chachitsulo chikakhomedwa, kenako akazi anga akugwada. Khoma likagwa, kenako akazi anga akufunsa za amene atsala kunyumba. Mashelefu anga ankaoneka bwino. Ine ndinkaoneka nditakhala pampando, Baibulo lili chotsegula, maso anga akutsatira akazi anga kulikonse kumene apita. Sindinkadziwa kuti ndimawayang'ana choncho.

"Za m'khonde zija chotsani," ndinatero.

"Ndachotsa."

Anadikira. Ndinadziwa chimene ankadikira. Kuti ndinene kuti achotse moniwo ndikanayenera kunena chifukwa, ndipo chifukwacho ndinali ndisanachitchule ndi pakamwa panga kwa munthu aliyense, ngakhale kwa Mulungu popemphera. Ndikanavomeranso pamaso pa mlendo kuti mwambo uja ndinaupeka. Ndinaganizanso kuti kanema wotere adzaonetsedwa ku France, kwa azungu, kumene kulibe wodziwa mmene Mchewa kapena Mngoni amalandirira mlendo.

"Zinazo zili bwino," ndinatero.

"Mwatsimikiza?"

"Ndanena."

Anandiyang'ana nthawi yaitali, monga ankayang'anira khomo la kukhitchini. Ngati ankadziwa kapena ayi, sindinganene mpaka lero. Anatseka kompyuta n'kumwa tiyi wake.

Chimene sindinachiganizire n'chakuti kanema wa ku Glasgow adzaonetsedwanso ku Glasgow. Uthenga unafika kwa mwana wanga, ndipo iye, pokondwa, analengeza kutchalitchi pambuyo pa mapemphero. Amalawi anaomba m'manja. Mkulu wa mpingo mnzanga, wa ku Dedza, anandimenya paphewa.

"Achimwene, mwasanduka a m'mafilimu osatiuza? Mudzatikumbukire mukadzalemera."

"Si za inu zimenezo. N'za nyumba zogwa. Mukatopa nazo."

"Tikatope komweko. Amayi anena kale kuti avala zitenje zofanana."

Ndinayesa kumuuza mwanayo kuti mayi ake sakonda mdima wa m'nyumba za kanema. Anati adzakhala nawo pafupi. Masabata amenewo ndinkadya pang'ono. Ndinaganizapo zomuimbira Mfalansayo. Nambala ndinali nayo. Sindinaimbe.

Tsikulo kunkagwa mvula yowaza ija ya kuno, yosanyowetsa msanga koma yolowa m'mafupa. Nyumba ya kanemayo inali yaing'ono. Kutsogolo kunadzaza azungu, ena a iwo anzathu akale a ku Sighthill. Amalawi anatenga mizere iwiri kumbuyo kwathu, akunong'onezana ndi kupatsirana mtedza. Ine ndinakhala kumapeto, akazi anga pakati, mwana wathu mbali inayo.

Moni woyamba utaoneka, Amalawi anasekerera. Wina anati, "Ee, mayi athu amenewo, ulemu wa kumudzi." Mfalansayo atayankha m'Chichewa chake chopotoka, mizere yonse iwiri inafa nacho chiseko.

Moni wachiwiri, anaseka ochepa.

Wachitatu, azungu okha ndi amene anaseka, chiseko chofatsa cha anthu okondwa. Kumbuyo kwanga kunali zii. Pepala la mtedza linasiya kulira. Ndinamva mayi wina akupuma mokoka, n'kunena chapansipansi kuti, "Mayo ine." Sindinatembenuke. Pa kanemapo akazi anga anaima pakhomo la kukhitchini, nkhope ili ngwee, akundifunsa chifukwa chimene sindinawauzire kuti kwabwera alendo. Azungu ankawerenga mawu achizungu m'munsi. Amalawi ankamva mawu enieniwo, ndipo ankaona kuti munthuyo akudabwadi.

Akazi anga anandikoka malaya.

"Bambo, mayi ameneyu akufanana ndi achemwali anga. Koma wakalamba."

Mwana wathu anamva. Ndinaona dzanja lake likugwira dzanja la mayi ake, osalisiyanso mpaka magetsi anayaka.

Mfalansayo anaima kutsogolo kuti anthu amufunse mafunso. Anayankha mwachidule, ngati munthu amene akufuna kuthawa. Kenako mayi wina wachizungu anaimirira. Anati chimene chamukhudza kwambiri ndi mwambo wa ku Malawi wopereka moni kwa mlendo mobwerezabwereza, ndipo akufuna kudziwa tanthauzo lake.

"Ine ndimajambula zimene ndaona," anatero Mfalansayo. "Mwini nyumba ali pompano."

Mitu yonse inatembenukira kwa ine. Mtsikana wina anabwera ndi maikolofoni. Ndinaimirira, n'kukonza jekete.

"Kwathu timalemekeza alendo," ndinatero m'Chizungu. Ndinakhala pansi.

Azungu anaomba m'manja. Kumbuyo kwanga kunali madokotala, anamwino, aphunzitsi, anthu a masukulu amene ine sindinawapondemo. Palibe anatsutsa. Mkulu wa mpingo wa ku Dedza uja anaombanso m'manja, pang'onopang'ono, maso ali pansi.

Panja amayi a mpingo anawazungulira akazi anga, wina kuwakonza mpango, wina kuwafunditsa ambulera, onse akulankhula nawo mofewa ngati ndi mwana wodwala. Mwana wanga anandikokera pansi pa denga la pamalo odikirira basi.

"Ababa, zinayamba liti?"

"Ziti?"

"Musandiyese mwana. Ntchito yanga ndi imeneyi. Ndimasambitsa anthu otere tsiku lililonse, ndipo amayi anga omwe ndakawaonera pa kanema pamodzi ndi anthu a mumsewu."

"Mayi ako ali bwino. Ndimawasamala ine."

"Mukapita kukagula zinthu amatsala ndi ndani? Mbaula amayatsa? Masitepe aja amatsika okha?"

Ndinasuzumira kumsewu kuona ngati basi ikubwera.

"Lolemba ndiimbira dokotala."

"Imba. Koma kuja kumene umagwira ntchito sapitako."

"Sindinanene zimenezo."

"Ndanena ndine."

Anapukuta nkhope ndi chikhatho. Kaya inali mvula, kaya misozi. Mfalansayo anatuluka, chikwama paphewa, naima chapatali. Anadikira kuti ndimuyang'ane. Nditamuyang'ana anaweramitsa mutu pang'ono, n'kupita cha kusiteshoni. Sindinamuonenso.

Dokotala anawafunsa akazi anga tsiku, mwezi, dzina la mzinda. Anayankha kuti Limbe. Pambuyo pake kunayamba kubwera anthu. Mayi wa za chisamaliro cha okalamba anayendera nyumba yonse, kuyang'ana mbaula, bafa, masitepe, n'kumandimwetulira. Amayi a mpingo anagawana masiku osandifunsa, ndipo ndinkawapeza m'khitchini mwanga akutsuka mbale zimene ndatsuka kale. Aliyense anali wachifundo. Aliyense ankayang'ana.

Ndinalimbana nawo chaka chathunthu ndi miyezi ina. Ndinachotsa mabatani a mbaula yamagetsi. Ndinakhoma loko wina pamwamba pa chitseko, pamene akazi anga sakanafikira, ndipo mayi wa za chisamaliro uja anati kutsekera munthu m'nyumba n'kosaloledwa. Ndinauchotsa. Nyengo yozizira itayamba, m'mawa wina ndikumeta ndevu, anatuluka. Anawapeza a pasitolo ina ku Duke Street, atavala chitenje ndi masilipasi okha, pansi pali chisanu choterera, akufunsa basi ya ku Ntcheu. Anali atagwa n'kuthyoka dzanja.

Kuchipatala anatiika m'kachipinda, ine, mwana wanga, dokotala ndi mayi uja. Analankhula nthawi yaitali. Anati palibe amene akundiimba mlandu. Anati nanenso ndakalamba, ndipo miyendo yanga yatupa. Anati malo apezeka, osati kumene mwana wanga ankagwira ntchito, kwina, cha kum'mawa, basi imodzi kuchokera kwathu. Ndinafunsa ngati ndingakane. Dokotala anayang'ana mwana wanga. Mwana wanga anayang'ana pansi.

Sutikesi ndinanyamula ndekha. Wantchito wa kumeneko anafuna kundilandira, ndinamukaniza. Chipinda chinali choyera, windo loyang'ana poimika magalimoto. Ndinapachika madiresi awo, n'kuika buku la nyimbo pafupi ndi bedi. Akazi anga anakhala pampando, dzanja lomangidwa lili pamiyendo, akuyang'ana khoma.

"Bambo, tichoka nthawi yanji muno?"

"Pumani kaye."

Mwana wanga anaima pakhomo, jekete atavala kale.

"Ababa, tiyeni. Akufuna kuwapatsa chakudya."

"Abweretse. Ndiwadyetsa ine."

"Ali ndi anthu a ntchito imeneyo."

"Pita iwe. Basi ndimaidziwa."

Anabweretsa mbatata yophwanya ndi nyama yopanda mchere. Ndinawadyetsa ndi supuni mpaka anakana. Kunja kutayamba kuda, mtsikana wa yunifolomu anabwera n'kundiuza mwaulemu kuti nthawi ya alendo yatha. Chitseko chakunja chinali chotsegula ndi manambala achinsinsi. Anandidinira iye, ine n'kutuluka, ndipo chinadzitseka chokha kumbuyo kwanga.